Tsiku limodzi ku Ninh Binh kuchokera ku Hanoi: mmene mungaonere mbiri, mapanga ndi ntchito zamanja osathamangitsidwa

Anthu amene akukonzekera ulendo wa ku Hanoi, likulu la dziko la Vietnam, kaya ndi wa ntchito, wa msonkhano kapena wokacheza, amandifunsa funso limodzimodzi: "Ndili ndi tsiku limodzi lokha lopuma. Ndipite kuti kumene ndingaone malo okongola, ndimve mbiri ya dzikolo, komanso ndione anthu akupanga zinthu ndi manja awo?" Yankho langa silisintha, ndiye ndaganiza zolilemba kamodzi kuti wofunsa aliyense ndizingomulozera pano. Pitani ku Ninh Binh, ndipo mupite ndi wotsogolera alendo. Koma musalipire ulendo woyamba umene mwauona pa intaneti. Maulendo ambiri amalonjeza zinthu zitatuzi koma amakwaniritsa ziwiri, ndipo chimene chimatsalira nthawi zonse ndi ntchito zamanja. Malangizo onsewa cholinga chake n'chakuti zimenezo zisakuchitikireni.

Ninh Binh ili kum'mwera kwa Hanoi, mtunda wosapitirira makilomita 100, ulendo wa maola awiri pa msewu waukulu ngati magalimoto sanathinane potuluka mumzinda. Ndi dera la mapiri a miyala ya laimu amene amangotumphuka chilili pakati pa minda ya mpunga, ndipo mitsinje imadutsa pansi pa mapiriwo kudzera m'mapanga. Kumeneko n'kumene kunali likulu la dzikolo zaka zoposa 1,000 zapitazo.

1. Yambani ndi visa ndi nyengo

Kuyambira mu Ogasiti 2023, Vietnam imapereka visa ya pa intaneti kwa nzika za mayiko onse, ndipo imatha kukhala ya masiku 90. Lembetsani pa tsamba la boma lenilenilo, chifukwa pali masamba ena ofanana nalo amene amalipiritsa ndalama zochuluka pa ntchito imene mungachite nokha. Dzina mulilembe ndendende mmene lilili m'pasipoti, ndipo pa malo olowera musankhe bwalo la ndege la Noi Bai ngati mukutera ku Hanoi.

Za nyengo, kumpoto kwa Vietnam kumatentha ndi chinyezi chambiri kuyambira Meyi mpaka Ogasiti, ndipo mvula yamphamvu ndi mphepo zamkuntho zimavuta kwambiri kuyambira Julayi mpaka Seputembala. Madzi akakwera, mabwato salowa m'mapanga. Disembala mpaka Febuluwale kumazizira, kumwamba kumachita mbuu, mvula yowaza osaleka. Mpunga wa m'mbali mwa mtsinje ku Tam Coc, amodzi mwa malo okwerera bwato ku Ninh Binh, umapsa n'kuchita chikasu kumapeto kwa Meyi ndi kumayambiriro kwa Juni. Zithunzi zokongola zimene mumaziona zija zimajambulidwa m'masabata amenewo. Mukapita mu Okutobala kapena Novembala mudzapeza kunja kowala bwino ndi kozizirira, koma mpunga mulibe. Masabata otsatira Tết, chaka chatsopano cha kumeneko chimene chimagwa pakati pa kumapeto kwa Januwale ndi pakati pa Febuluwale, eni dziko amakhamukira ku akachisi a ku Ninh Binh, ndiye mizere ya pa doko imatalika zedi. Ngati muli ndi mwayi wosankha, pitani mkati mwa sabata.

2. Werengani maola musanawerenge mtengo

Tengani ndondomeko imene kampani yalemba, muiwerengere ndi pensulo. Ulendo wamba umayenda motere: galimoto ikutengani ku Old Quarter, dera lakale la pakati pa mzinda wa Hanoi, pakati pa 7 ndi 8 koloko m'mawa, ikaima panjira mphindi 20 kapena 30, mufika ku Hoa Lu, likulu lakale lija, cha m'ma 10 koloko, mukhala ola limodzi, chakudya chamasana, bwato maola awiri kapena atatu, kukwera phiri la Hang Mua ola limodzi, kenako kubwerera, kufika ku Hanoi cha m'ma 7 kapena 8 koloko usiku. Onkhetsani zonsezi muone ngati patsala mpata wokhala pansi pafupi ndi mayi amene akusoka. Palibe.

Choncho mukaona mawu akuti "craft village", kutanthauza mudzi wa ntchito zamanja, pa ndondomeko yodzaza chonchi, dziwani kuti mwina akunena shopu yaikulu ya panjira imene galimoto imaimapo kuti anthu apite kuchimbudzi. M'mashopu amenewo mumakhaladi anthu osoka pa mafelemu, ndipo zina mwa zimene amagulitsa n'zabwino, koma mitengo yake ndi ya alendo ndipo mphindi 20 sizikwanira kuphunzira kanthu. Kuti ntchito zamanja zilowe m'tsiku lanu, muyenera kuchotsa china. Ine ndimati chotsani kupalasa njinga kumene makampani ambiri amaikapo, ndipo ngati maondo anu sakonda masitepe, chotsaninso Hang Mua. Kachisi wamkulu wa Bai Dinh musamuphatikize n'komwe pa tsiku limeneli. Ndi wamkulu kwambiri moti amadya theka la tsiku payekha.

3. Sankhani pakati pa Trang An ndi Tam Coc

Awa ndi maulendo awiri a pabwato osiyana, ndipo simungachite onse tsiku limodzi popanda kutaya zina zonse. Onse ali m'dera limene UNESCO inaliika pa mndandanda wa malo a chuma cha dziko lonse mu 2014, chifukwa cha chilengedwe ndi mbiri yomwe. M'mapanga a m'derali munapezeka zizindikiro zoti anthu ankakhalamo zaka zoposa 30,000 zapitazo.

Trang An ndi yolongosoka bwino: mapanga ambiri ndi aatali, akachisi a m'mbali mwa madzi, bwato limanyamula anthu anayi, ulendo umatha pafupifupi maola atatu, ndipo ogulitsa malonda sakuvutitsani pamadzi. Tam Coc, dzina lotanthauza mapanga atatu, ndi ulendo wa pa mtsinje wa Ngo Dong wopita ndi kubwerera njira yomweyo, pafupifupi maola awiri, pakati pa minda ya mpunga, alendo akunja awiri pa bwato limodzi. Mapanga ake amangotchedwa Hang Ca, Hang Hai ndi Hang Ba. "Hang" ndi phanga, ndipo loyambalo ndilo lalitali, mamita oposa 100.

Munthu wofuna malo okongola okha ndimamuuza Trang An. Koma inu amene mukufuna ntchito zamanja, sankhani Tam Coc, pa chifukwa chimodzi: doko limene mabwato amanyamukira lili m'mudzi wa Van Lam, umene ndi mudzi wa anthu opeta nsalu. Mukatsika m'bwato muli kale pamalo, palibe kukweranso galimoto. Ndiponso ola limene mwapulumutsa posapita ku Trang An ndilo mudzakhale nalo m'mudzimo.

4. Gwirizanani ndi kampani polemba

Mawebusaiti akuluakulu ogulitsa maulendo nthawi zambiri amangogulitsa m'malo mwa makampani a ku Hanoi. Pezani dzina la kampani yeniyeni imene idzakunyamuleni, muilembere pa WhatsApp. Vietnam ili patsogolo ndi maola asanu pa nthawi ya ku Malawi ndi Zambia, ndiye lembani m'mawa kuti akuyankheni tsiku lomwelo. Ku Old Quarter kuli mashopu ambiri amene amatengera mayina a makampani odziwika, choncho dzina la pachikwangwani lisakukhutiritseni. Funsani chiphaso cha kampani, ndiponso ngati wotsogolera wanu ali ndi khadi lake la boma lotsogolera alendo akunja, limene amayenera kulivala.

Mafunso ofunika ndi awa, ndipo mayankho ake akhale olembedwa. M'galimoto mudzakhala anthu angati? Matikiti a bwato, a Hoa Lu ndi a Hang Mua ali kale mu mtengo? Adzakutengani pakhomo pa hotelo kapena mukakumane pamalo ena, monga pa Opera House? Mvula ikaletsa mabwato, ndalama imabwezedwa motani? Ndipo lalikulu: "Ndikufuna ola lathunthu ku Van Lam, m'nyumba imene anthu akusokadi, osati m'shopu mokha. Zitheka?" Gulu la anthu 30 m'basi silingakuchitireni zimenezi. Gulu laling'ono mwina lingavomere. Chotsimikizika ndi galimoto yanuyanu yokhala ndi dalaivala ndi wotsogolera. Ngati muli anthu atatu kapena anayi, mukagawana mtengo wake kusiyana kwake sikukhala kwakukulu.

Makampani ena amaphatikiza Ninh Binh ndi mudzi wa Quang Phu Cau, kum'mwera kwa Hanoi, kumene amapanga timitengo ta zofukiza. Amang'amba nsungwi kukhala timitengo topyapyala, amatinyika mu utoto wofiira, n'kutiyanika m'mitolo yotambasuka ngati maluwa. N'zokongola, koma mudziwe zinthu ziwiri: kukagwa mvula sayanika, ndipo bwalo limene alendo amajambulirapo analikonzera zithunzi, mumalipira polowa. Ntchito yeniyeni ili m'misasa ya kuseri, ndiye muuze wotsogolera akupititseni kumeneko. Mukasankha njira imeneyi muyenera kunyamuka m'mamawa kwambiri, Hang Mua n'kuiwalako.

5. Konzani ndalama ndi chikwama usiku wake

Ndalama ya kumeneko ndi dong, ndipo ziro zake n'zambiri. Anthu akati "50" kapena kulemba "50k" akutanthauza 50,000. Cholakwika chimene alendo ambiri amachita n'kusokoneza ndalama zofanana mtundu: ya 20,000 ndi ya 500,000 zonse n'zabuluu, ndipo ya 10,000 ndi ya 200,000 zimayandikana mtundu madzulo kukamada. Ndalamazi n'zapulasitiki ndipo zimamatirirana zikanyowa. Ikani zikuluzikulu m'thumba lina, zing'onozing'ono m'thumba lina, ndipo polipira muziwerenga ziro. M'mudzi ndi pamadzi mudzafunika ndalama m'manja, makamaka za 20,000, 50,000 ndi 100,000.

M'chikwama muike chipewa, madzi a m'botolo, ambulera kapena jasi la mvula lopepuka, ndi chitenje kapena sikafu yofunda m'mapewa polowa m'kachisi. Nsapato zikhale zogwira pansi. Ngati mukuganiza zogula nsalu ya patebulo kapena zofunda za pabedi, yezani tebulo ndi bedi lanu musanachoke kunyumba, mulembe masentimita ake m'foni.

6. Ku Hoa Lu mverani, musathamangire zithunzi

Anthu ambiri amakhumudwa ndi Hoa Lu chifukwa amayembekezera nyumba yachifumu. Nyumba zachifumu zinatha kalekale. Chimene chilipo ndi akachisi awiri, wa mfumu Dinh Bo Linh ndi wa mfumu Le Hoan, amene anamangidwanso m'zaka za m'ma 1600 pamalo pamene panali likulu, ndi mapiri amene ankagwira ntchito ya linga. Malowa amamveka ndi nkhani yake, n'chifukwa chake wotsogolera wabwino amafunika kwambiri pano.

Nkhaniyo, mwachidule, ndi iyi. Dzikoli linalamulidwa ndi China pafupifupi zaka 1,000 mpaka Ngo Quyen atapambana nkhondo ya pa mtsinje wa Bach Dang mu 938. Iye atamwalira, dziko linagawanika pakati pa atsogoleri ankhondo 12. Dinh Bo Linh, amene anthu amasimba kuti ali mnyamata ankaweta njati n'kumasewera zankhondo ndi anzake atanyamula ngayaye za bango ngati mbendera, anawagonjetsa onse, ndipo mu 968 anadzilonga ufumu, dziko n'kulitcha Dai Co Viet. Anasankha Hoa Lu chifukwa mapiri ndi madambo zinkatchinga adani. Mu 979 anaphedwa pamodzi ndi mwana wake wamkulu, ndipo wotsala anali kamwana. Asilikali a ufumu wa Song wa ku China akuyandikira, mfumukazi Duong Van Nga, mayi wa kamwanako, inapereka mkanjo wachifumu kwa mkulu wa asilikali Le Hoan mu 980, iye n'kugonjetsa adaniwo mu 981. Mfumukaziyo inakwatiwa naye, ndipo chiboliboli chake mudzachipeza m'kachisi wa Le Hoan. Mu 1010 mfumu Ly Cong Uan inasamutsa likulu kupita ku Thang Long, kumene lero ndi Hanoi. Ndiye msewu umene mwayenda m'mawa uja ukulumikiza likulu lakale ndi limene linalowa m'malo mwake.

Mawu awiri akuthandizeni: "đền" ndi kachisi wolemekeza mafumu kapena ngwazi, monga awiri a pano, pamene "chùa" ndi kachisi wa Chibuda. Konseko fundani mapewa ndi maondo, vulani chipewa, tsitsani mawu. Pakhomo pamakhala thabwa lokwera, lidumpheni, osalipondapo. Anthu amene akufukiza ndi kuwerama akupembedzadi, musaime pakati pa iwo ndi guwa. Kutsogolo kwa kachisi wa Dinh kuli bedi lamwala losemedwa chinjoka, limene Vietnam imaliwerenga m'gulu la chuma cha dziko. Pemphani wotsogolera akuonetseni, chifukwa magulu ambiri amangolidutsa.

7. Chakudya chamasana

Ninh Binh imadziwika ndi nyama ya mbuzi za m'mapiri, "dê núi", ndi "cơm cháy", mpunga wouma wokazinga umene chiyambi chake ndi nkhoko za pansi pa mphika zimene tonse timazidziwa. Ngati simudya nkhumba, nenani pogula ulendo, osati muli patebulo, chifukwa cơm cháy nthawi zambiri amawaza pamwamba pake nyama ya nkhumba youma yonyenyanyenya. Chenjeraninso ndi mawu ofanana: "cơm chay", popanda kachizindikiro pamwamba pa a, ndi chakudya chopanda nyama. Khutu la mlendo silimva kusiyana kwake, ndiye muonetse wotsogolera zimene mukufuna polemba. Mbuzi yosapsa kwenikweni yothira mandimu, "tái dê", ndi magazi osaphika, "tiết canh", ine ndimati zisiyeni pa tsiku limene mukhala maola awiri m'bwato.

8. Pamadzi

Valani chovala chodzitetezera pamadzi chimene akupatsani. Pitani kuchimbudzi musanakwere. Opalasa ambiri ku Tam Coc ndi amayi a m'midzi yozungulira, ndipo ambiri amapalasa ndi mapazi, atatsamira kumbuyo, nkhafi zili kumapazi. Amapalasa mosinthana potsata manambala, choncho ulendo wanuwo ukhoza kukhala wokhawo umene mayiyo apeze tsiku limenelo. Muwalonjere kuti "xin chào", ndipo wamkulu kwa inu mumuitane "cô ơi" kapena "chị ơi" ngati ndi mayi, "chú ơi" kapena "anh ơi" ngati ndi bambo. M'mapanga denga limatsika, akakuuzani kuti weramani, weramani.

Mukatuluka phanga lachitatu, pamene bwato limatembenukira, pamadikirira timabwato ta malonda. Ogulitsa adzakuumirizani kuti mugulire wopalasa wanu chakumwa ndi zokhwasula pa mtengo wokwera. Nthawi zambiri chakumwacho sichimwedwa, chimabwerera kwa wogulitsa. Nenani "không, cảm ơn", kutanthauza ayi zikomo, mukumwetulira, mubwereze ngati pafunika, osakwiya. Ngati mukufuna kuthokoza wopalasa, mupatseni ndalama m'manja mwake pofika padoko. 50,000 mpaka 100,000 pa bwato ndi kangachepe koyenera. Ojambula zithunzi a pamadzi nawonso amadzakudikirani padoko ndi chithunzi chotsukidwa kale, ndiye ngati simuchifuna, gwedezani dzanja kukana asanajambule.

Pobwerera, wopalasa wina amatsegula bokosi la nsalu zopeta. Apa musagule msanga. Muli pakati pa madzi, palibe poyerekezera, ndipo simunaone ntchito yeniyeni. Muuzeni kuti mukaonera padoko.

9. Ku Van Lam: kusiyanitsa ntchito ya manja ndi ya makina

Gawo ili ndilo limene malangizo ambiri amalidumpha, ndipo ndi limene ulendo wonse ndaukonzera.

Midzi yotere ku Vietnam amaitcha "làng nghề", mudzi umene mabanja ambiri amagwira ntchito yamanja imodzi kuchokera kwa makolo awo. Ku Van Lam ntchitoyo ndi "thêu", kupeta maluwa ndi zithunzi pansalu ndi singano, pamodzi ndi "ren" ndi "rua", ntchito ya lesi (nsalu zoboolaboola zokongoletsera) ndi yosolola ulusi. Eni mudzi amasimba kuti luso lopeta linafika nthawi ya mafumu a Tran, m'zaka za m'ma 1200, pamene banja lachifumu linabisala m'mapiri amenewa pothawa nkhondo ya a Mongol. Kachisi wa Thai Vi, pafupi pomwepo, amalemekeza mafumu amenewo. Luso la lesi linabwera mochedwa, kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1900, anthu a m'mudzimo atakaliphunzira ku Hanoi pa nthawi ya Afalansa. N'chifukwa chake mudzapeza nsalu zoyera za patebulo, mapilokesi, madoilo ndi makatani ooneka ngati a ku Ulaya, osokedwa m'mudzi wa mpunga.

Mashopu a m'mbali mwa msewu wa padoko amagulitsa zosakanikirana: zina zasokedwa m'mudzimo, zina zachokera ku fakitale. Muuze wotsogolera akulowetseni m'tinjira ta kuseri, kumene mudzapeza amayi atakhala mozungulira felemu yaitali yamatabwa, nsalu itakungidwa kuti gwa. Pemphani chilolezo musanajambule, ndipo musakhudze nsalu ya pafelemu ndi manja a thukuta. Khalani pansi muonerere mphindi 15 musanafunse mtengo wa chilichonse. Yang'anani dzanja limodzi lili pamwamba, lina pansi pa nsalu, singano ikupita ndi kubwera. Yang'anani mmene amagawira ulusi umodzi kukhala tiulusi topyapyala kuti mtundu usinthe pang'onopang'ono pa duwa limodzi. Maso anu akaona zimenezi kamodzi, sanamizidwanso m'shopu.

Tsopano pogula. Choyamba tembenuzani nsalu muone kuseri. Makina amagwiritsa ntchito ulusi wachiwiri wapansi, kawirikawiri woyera, umene umaoneka m'mbali mwa duwa lililonse kuseriko, ndipo nthawi zina mumapeza zotsalira za kansalu konga pepala kamene anamata kuti nsalu ilimbe posoka. Ntchito ya manja kuseri kwake kumaoneka ulusi wa mtundu womwewo wa kumaso, ndipo mudzaona pamene wosoka anabisa nsonga ya ulusi pansi pa masokedwe ena. Kwa katswiri, kuseri kumakhala koyera bwino pafupifupi ngati kumaso, ndiye musaganize kuti ntchito ya manja iyenera kukhala yosokonekera.

Chachiwiri, tengani nsalu ziwiri za chithunzi chimodzi, muziike pamodzi. Ngati tsamba lililonse likufanana ndi linzake mpaka kansonga, ndi makina. Dzanja limasiyanitsa pang'ono, ngakhale la munthu mmodzi.

Chachitatu n'cha nsalu zoboolaboola zija. Pa ntchito yeniyeni ya rua, wosoka amawerenga ulusi wa nsaluyo, amasolola wina, n'kumanga wotsalawo m'timagulu ndi singano kuti papangike timaenje tadongosolo. Kwezani nsaluyo ku kuwala mutsate ulusi umodzi: uyenera kuchokera m'nsalu, kudutsa m'malo obookawo, n'kupitirira m'nsalu mbali inayo. Ngati lesiyo ndi kansalu kena kongolumikizidwa ndi msoko wowongoka, inagulidwa pa mpukutu. Ntchito yosolola ulusi ndi imene imadya maso ndi nthawi kwambiri, ndipo kwa ine ndiyo chinthu choyenera kunyamula kuchokera m'mudzi umenewu.

Chachinayi, nsalu yeniyeniyo. Ifinyeni m'dzanja n'kuisiya. Bafuta ndi thonje zimakhwinyata ndipo zimazizira pakhungu. Poliyesitala imabwerera msanga ndipo imanyezimira. Akati ndi silika, funsani ngati akunena nsalu kapena ulusi wopetera, chifukwa kawirikawiri chimodzi chokha ndicho silika.

Kenako mtengo. Funsani kaye, kudzera mwa wotsogolera, kuti chinthucho chinatenga masiku angati. Nsalu yaikulu ya patebulo yodzaza maluwa ndi ntchito ya masabata, ndipo singagulidwe pa mtengo wa mbale ya chakudya. Ikatchipa choncho, yakuuzani yokha kumene yachokera. "Bao nhiêu tiền?" ndiko kufunsa mtengo, ndipo muwapemphe alembe pa foni kuti ziro zioneke. M'mashopu a padoko kunenerera n'kololedwa, mukhoza kutsitsa ndithu. Koma m'nyumba imene mwamuona munthu akusoka, ndikukupemphani musamupanikize. Pemphani kuchotserako pang'ono ngati mukugula zingapo, basi. Achinyamata ambiri a m'midzi yotere akupita ku mafakitale ndi ku ntchito za alendo chifukwa singano siilipira mokwanira, ndipo ndalama imene inu mwapulumutsa ponenerera kwa iye ndi ya tsiku lathunthu. Ngati wotsogolera akukukokerani ku shopu imodzi yokha n'kumakana ina, mwina ali ndi gawo lake pa malonda. Muuzeni mwaulemu kuti mukufuna kuona nyumba ziwiri kapena zitatu musanasankhe.

Chinthu chimodzi chimene mungakumane nacho m'midzi: anthu ena sanazolowere kuona munthu wakuda pafupi, ndipo angakuyang'anitsitseni kapena kupempha kujambulitsa nanu. Kawirikawiri ndi chidwi chabe. Kuvomera kapena kukana zili kwa inu, ndipo "không, cảm ơn" yemwe uja amagwiranso ntchito.

Zinthu zimene wogulitsa akuti n'zamakedzana zisiyeni. Zambiri n'zatsopano zongodetsedwa, ndipo zenizenizo malamulo salola kuzitulutsa m'dziko mwachisawawa.

10. Hang Mua, ngati nthawi ndi miyendo zilola

Hang Mua ili pafupi, mphindi zochepa pagalimoto. Ndi masitepe amiyala pafupifupi 500, osafanana kutalika, opanda mthunzi. Chapakati njira imagawanika. Ya kumanzere ndiyo ikwera kunsonga kumene kuli chinjoka chamwala, ndipo kuchokera kumeneko mumaona mtsinje wa Ngo Dong umene munali kupalasa uja uli m'munsi, timabwato tikuyenda pakati pa mpunga. Miyala ya pafupi ndi chinjokacho njakuthwa ndipo palibe chogwirira, musakwerepo pofuna chithunzi. Miyezi yozizira dzuwa limalowa 5 koloko itangopitirira, ndiye yambani kukwera isanakwane 4 koloko. Amene simukwera, pitani ku Bich Dong: kachisi wa kumeneko, makilomita ochepa kuchokera padoko, ali ndi magawo atatu omangidwa m'phanga ndi m'mbali mwa phiri, masitepe ake ndi ochepa.

Ngati mwapeza tsiku lachiwiri, gonani ku Tam Coc komweko mupite ku Kim Son, cha kunyanja, kumene amaluka mikeka ndi madengu ndi udzu wa m'madambo, ndiponso kuli tchalitchi cha Katolika cha Phat Diem chimene wansembe Tran Luc anamanga ndi miyala ndi matabwa kumapeto kwa zaka za m'ma 1800, chooneka ngati kachisi wa kumeneko. Pa tsiku limodzi musayese kuchiphatikiza.

Pobwerera ku Hanoi magalimoto amathinana kwambiri polowa mumzinda, makamaka Lamlungu madzulo, choncho musakonze ndege kapena sitima ya usiku womwewo isanakwane 10 koloko. Nsalu zanu zoyera muziike m'pepala la pulasitiki kutali ndi timitengo ta zofukiza ngati mwagula, chifukwa utoto wake wofiira umatuluka kukachita chinyezi. Mukafika kunyumba, zichapeni ndi manja m'madzi ozizira, osazipotokola, ndipo muzisite kuseri zisanaumitsitse, mutayala thaulo pansi kuti maluwawo asaphwatalale.